Khoma Limene Amayi Sanatsuke

Amayi anga anakolopa maofesi a anthu zaka makumi atatu, mpaka kuntchitoko ankangowatchula kuti Mayi Mopu. Litsiro ankadana nalo koopsa. Ukagwetsa kanyenyeswa ka buledi, usanawerame n'komwe, tsache lafika kale.

Nyumba yathu ya zipinda zitatu anasiya ndi makolo awo. Amalume, mlongo wawo wamng'ono amene amayi anamulera okha makolowo atamwalira, ankafuna kuti igulitsidwe. Amayi anangoti, "Ndigulitse, ndikagone kuti?" Chidani chinayambira pomwepo.

Poyamba anali mauthenga oopseza a pafoni. Kenako tsiku lina tikuchokera kumsika tinapeza khoma loyang'ana kumsewu litalembedwa ndi makala: TULUKA USANAPSE. Amayi anatenga ndowa, sopo ndi bulashi, ndipo anthu asanayambe kuweruka kuntchito khoma linali mbee. Ulendo wachiwiri anali penti wofiira. Anapala ndi mpeni n'kupakanso laimu. Wachitatu tinapeza petulo atathiridwa pakhomo, bokosi la machesi ataliika bwinobwino pasitepe. Anakolopa katatu, machesi aja n'kukaika kukhitchini, ati ndi atsopano, osataya.

Apo ndiye ndinapsa mtima. "Amayi, mukudikira kuti tipse kaye?" Ndinachita kuwakoka kupita kukhoti, kukapempha chikalata cholamula apolisi kuti atiteteze. Kalaliki anatipatsa fomu, tinalemba, n'kukhala pabenchi mpaka miyendo dzanzi.

Woweruza anali mzimayi wa magalasi, wolankhula motsitsa. Anafunsa za khoma. Amayi anati anatsuka. Petulo uja? Anakolopa. Nanga mauthenga a pafoni?

"Ndinafufuta, bwana. Anali mawu onyansa, osayenera kusunga."

Ndinkafuna kulira. Komatu inenso ndisadziyeretse: foni ndinali nayo m'thumba masiku onsewo, koma m'malo mojambula ndinkawatungira madzi.

Amalume, amene nawonso anaitanidwa, anaimirira atavala jekete, manja kumbuyo. "Achemwali angawa akalamba, bwana. Ine ndingawopseze munthu amene anandilera?"

Woweruza sanapereke chikalatacho. Anati, "Mayi, zikachitikanso musakhudze kanthu. Itanani apolisi adzaone okha, ndipo mubwerenso."

Sipanathe sabata. Ulendo uno analemba khoma lonse, masanasana, dzina la amayi ndi mawu oti sindingawabwereze pano. Mayi wogulitsa tomato kutsidya kwa msewu anawaona amalume akulemba. Apolisi anati abwera mawa lake, ndiye khoma linakhala choncho tsiku lathunthu. Ana a sukulu ankaima n'kumawerenga mokweza. Amayi anakhala pampando m'chipinda chochezera, makatani otseka, manja atawapana pakati pa mawondo. Kawiri konse ndinawalanda ndowa. Sindinawaonepo akuvutika chonchija, ngakhale pamaliro a bambo.

"Ukuganiza kuti ndimatsuka chifukwa cha litsiro?" anandifunsa. "Malembawa ndikuwadziwa. Ndinamugwira dzanja ndine pomuphunzitsa. Sindinkafuna anthu adziwe kuti ndi iyeyo."

Apolisi anabwera, anajambula, mayi wa tomato uja anapereka umboni. Titabwerera kukhoti, woweruza anawerenga chigamulo pang'onopang'ono: amalume asayandikire nyumbayo, asaimbe foni, asatume munthu. Akangoyerekeza, apolisi awagwire. Amalume anangozyolika.

Ine mtima unakhala pansi, ndinene zoona. Ndinagwira amayi pamkono kuti tizipita, koma iwo anakweza dzanja ngati mwana wa sukulu.

"Pepani bwana, ndifunse nawo. Mwati asayandikire nyumba?"

"Eya, mayi. Ngakhale pageti."

"Nanga ine ndikadzamwalira, maliro adzakhalatu panyumba pomwepo. Tsiku limenelo mudzamulole alowe. Tinatsala awiri basi."