Lachitatu la Romeo

Romeo anabadwira m'komboni ya esiteti ya tiyi ku Chipinge, koma mukanamumva akulankhula mukanati anachita kugwa m'ndege. ChiNyanja chinkamuyabwa m'kamwa. Amayi ake, mayi Amelia, anachoka ku Mulanje ali mtsikana, n'kuoloka malire a dziko, n'kuthyola tiyi mpaka msana kupindika. Kwa mwana wawoyo ankapempha chimodzi chokha: "Kwathu sindidzafikako. Ndikadzafa, anzanga a m'komboni muno adzandiike bwino." Ndipo m'kombonimo aliyense ankadziwa kuti wothawa maliro a anzake, akenso anthu amawathawa.

Mu 2009, ndalama ya dzikolo itasanduka mapepala achabe, kunabwera bungwe lina lopatsa makolo madola mwezi ndi mwezi. Koma osati ulele: mwana asajombe kusukulu, kholo lisajombe kumsonkhano wa Lachitatu, kumene anthu anjala ankaphunzitsidwa kudya zakasinthasintha. Ntchito yogwira ojomba inagwera Romeo. Anam'patsa njinga ndi chipewa. Abale inu, chipewa chokhacho munthu mpaka kusintha kayendedwe!

Atamwalira a Jairosi, mkulu wa okumba manda, maliro anaikidwa Lachitatu. Komboni yonse inapita. Romeo anadutsa pasiwa osatsika n'komwe panjinga, n'kukanena kuofesi. Mwezi umenewo palibe banja linalandira kanthu.

"Mwanawe, anali maliro aja," anatero amayi ake. "Pita ukapepese."

"Pulogalamu sidziwa maliro, amayi," chinayankha chitsirucho, chikupukuta njinga.

Anthu sanamutukwane.

Mayi Amelia anatsirizika Lachiwiri lina mvula ili mkati. M'mawa mwake Romeo anayenda khomo ndi khomo, chipewa chili m'manja, ChiNyanja chitabwerera chokha. A Nehemiah, amene analowa m'malo mwa a Jairosi, anamulandira ndi ulemu wonse.

"Pepani kwambiri, bambo Romeo. Mayi anu anali munthu. Koma lerotu ndi Lachitatu. Mukufuna a bungwe atidulenso madola?"

Onse anapita kumsonkhano, wochedwa panalibe. Azimayi ena ankapukuta misozi podutsa pakhomopo, koma osakhota. Romeo anabwereka khasu, n'kukayamba kukumba yekha, chinthu chimene mwana sachitira mayi ake. Dzenje lisanafike m'mawondo, manja ofewa aja anali atatuluka matuza. Kuholo ya msonkhano kunkamveka kuwomba m'manja. Mayi Amelia anali gone m'nyumba okhaokha, popanda ndi mmodzi yemwe wowaimbira nyimbo.