Kampopi ka a Marlys

A Marlys Haugen anakalambira mu labotale ya kampani ina ya mankhwala ku Duluth, akuumitsa ufa wa mankhwala mu uvuni yopopa mpweya. Ankaika timbale ta ufa m'katimo, n'kutseka, n'kuyatsa pampu kuti itulutse mpweya wonse, moto n'kumachotsa chinyezi. Nkhani inkagona potsegula. Chitseko sichitseguka mpweya usanabwerere, ndipo ukaubwezera mwaphuma ufa wonse umauluka. Ndiye a Marlys ankapotokola kampopi ka mpweya pang'onopang'ono, khutu lili tcheru, mpaka singano ya geji yoyezera mpweya itafika pamalo pake.

Khalidweli linawalowerera. Khofi ankamwa atazizira, ndipo moni wa m'mawa ankayankha chakumasana.

A Orville Tremblay, okonza mapampu, ankabwera kudzasintha mafuta. Pampu ya a Marlys inkamwa mafuta atsopano kawirikawiri kuposa galimoto ya bwana, ndipo labotale yonse inkadziwa chifukwa chake. A Marlys nawonso ankawakonda bambowa, koma ankati kuthamanga si kufika, adzanena nthawi yake ikakwana. Imvi zinamera onse awiri akudikira.

Tsiku lina kunja kuli chisanu choopsa, a Orville anafika opanda chigubu cha mafuta. Anapeza a Marlys atagwira kampopi.

"Mayi, ine ntchito ndapuma. Ndikusamukira kwa mlongo wanga ku Arizona kotentha, mawondowa atopa nako kuzizira. Pokhapokha ngati pali wondiletsa."

"Tadikirani kaye, ndikulowetsa mpweya," anatero a Marlys.

"Inu mpweyawo munayamba kulowetsa ine ndidakali ndi tsitsi," anayankha a Orville. Anavala chipewa, n'kuyamba ulendo wa kukhomo.

A Marlys anayang'ana geji. Singano inali isanafike ndi pakati pomwe. Chiyambire anali asanasiyepo kampopi ntchito ili m'kati, koma akanati adikire, bamboyo akanapita. Anachita mantha zenizeni. Anapotokola kampopi konse kamodzin'kamodzi.

Phwiii! Galasi la uvuni linayera mbuu. Ufa umene anauumitsa sabata yonse unamata makoma, denga ndi chitseko chomwe.

A Orville anatembenuka, kukamwa kuli yasa. "Mayi, mwatani?"

A Marlys anatsegula uvuni, anasuzumira m'katimo, kenako anatenga nsanza ziwiri. Imodzi anapatsa a Orville.

"Vulani chipewacho, bambo," anatero. "Kupukuta zimenezi kutenga nthawi, ndipo ine ndimachedwa."