Bambo amene ankasewera msilikali wa adani

Zaka zingapo mliri wa korona usanabwere, ajensi imene ndinkagwirako ntchito yosamalira okalamba inandipatsa nyumba ina ku Oadby, kuno kudziko la Angerezi. Ndinkakwera basi m'mawa kuchokera ku Evington kukasambitsa bambo ena a ku Poland, kuwamwetsa mankhwala ndi kuwaphikira tiyi. Zaka anali atapitirira makumi asanu ndi atatu. Mwana wawo wamkazi, mphunzitsi wa pa yunivesite, ndiye anakawatenga kwawo akazi awo atamwalira.

Ndevu zokha sankalola kuti ndiwamete. Manja ankanjenjemera, komabe ankakhala pagalasi n'kumameta okha pang'onopang'ono, ine nditagwira thaulo. Tsiku lina ndinawaseka.

"Bambo, nkhope mumaisamala ngati mkwati."

"Mayi, nkhope imeneyi ndiyo inkandidyetsa," anatero m'Chingerezi chawo cholemera.

Anandituma kukatenga tabuleti yoonerapo makanema pathebulo, n'kundionetsa filimu yakale yopanda mitundu. Mnyamata wamtali wovala yunifolomu ya asilikali a ku Germany ankakalipira anthu amene anawandandika kukhoma. Ndinayang'anitsitsa maso ake. Anali iwowo.

Mbiri yawo ndinaimva pang'onopang'ono, lero pang'ono mawa pang'ono, pakati pa kusamba ndi mankhwala. Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse inawapeza ali mwana. Bambo awo anatengedwa ndi asilikali ovala yunifolomu yomweyo ndipo sanabwerenso. Nkhondo itatha anakaphunzira zisudzo, akulota zosewera mafumu ndi anyamata ofunsira mbeta. Koma opanga mafilimu atangoona msinkhu wawo ndi masaya akuthwawo, anawaveka za adani. Chijeremani anali atachitola kale ali mwana, pomva asilikali akukuwa mumsewu. Anasewera mdani zaka pafupifupi makumi atatu. Mayi wina anawalavulira pajekete m'sitima ya m'tauni. Amayi awo owabereka sanaonerepo filimu yawo ngakhale imodzi.

"Simunakane bwanji?" ndinafunsa.

"Ndinakanapo kamodzi. Anapatsa mnzanga wina, iye n'kusewera ngati chidole choseketsa ana. Zinandipweteka. Amene anatenga bambo anga sanali chidole."

Pasaka itayandikira, kutchalitchi kwathu tinakonza sewero. Amuna ambiri anali pa shifiti, ndiye gawo la msilikali wokwapula Ambuye linagwera ine. Ndinachita manyazi. Pokonzekera ndinkangokuwa n'kumaseka, kuti aliyense aone kuti si ine. Nditawauza bambo aja, anasiya tiyi.

"Imirirani apo. Chitani ndione."

Ndinapinda thaulo ngati chikwapu, n'kulankhula mawu anga m'Chichewa. Sanamve liwu ndi limodzi lomwe, koma anapukusa mutu.

"Mukupepesa," anatero. "Msilikali ameneyu sadziwa kuti ndi woipa. Waima chiimire kuyambira m'mawa, mapazi akumuwawa, akungofuna amalize azipita kwawo. Musakuwe. Munthu mukumumenyayo musamuyang'ane n'komwe."

 Kutopa koteroko ndinkakudziwa. Masiku ena ndikafika panyumba yachisanu ndi chimodzi, ndinkatembenuza gogo pabedi maso ali pawotchi, osamufunsa ngati wadzuka bwanji. Sindinawauze zimenezo. Ndinangobwereza mawu aja motsitsa, ngati munthu amene akuwerenga zogula kusitolo.

"Basi," anatero. "Musawonjezere kanthu."

Sabata ziwiri zotsatira tinkabwereza ndikamaliza kuwaveka masokosi. Anandiphunzitsa poima, ndi kudikira pang'ono ndisanakweze dzanja. Akamandiwongola mapewa, manja awo sankanjenjemera kwenikweni.

Tsiku la sewero sanabwere, chifukwa masitepe a holo imene tinkachita lendi sakanawatha. Anthu kwathu amaseka msilikali akalowa, ndipo anayambadi kuseka atandiona ndi chipewa cha katoni. Nditayamba kulankhula, holo inati zii. Pa tiyi, mayi ena achikulire amene ndinkakhala nawo benchi limodzi anandidutsa osandipatsa moni. Madzulo anandiimbira foni.

"Amake mwana, pepani. Mtima unali usanabwerere m'malo."

Nditapita ku Oadby ndinawafotokozera zonse. Anaseka mpaka kutsokomola, ine n'kuthamangira madzi. Kenaka anandigwira dzanja n'kulipsompsona, monga amachitira akuluakulu akwawo, ndipo anandifunsa ngati mayiwo anali atandikhululukira ndithu.

Chilimwe chitatha anadwala sitiroko. Mwana wawo anawapezera malo kunyumba yosungirako okalamba kufupi ndi Derby, ine ajensi n'kundipatsa nyumba zina. Ndinakawaona kamodzi, Loweruka lina mvula ikuwaza. Chingerezi chinali chitawathawa chonse. Anandilankhula nthawi yaitali m'chinenero chawo, akuloza pawindo, ine ndikuyankha kuti "Eya, bambo, eya," m'Chichewa. Sindikudziwa ngati anandizindikira.

Uthenga wa maliro unandipeza m'basi, ndikupita kwa gogo wina ku Wigston. Mwana wawo analemba kuti mtembo akautentha ndipo phulusa akalisiya ku Poland, pambali pa amayi ake. Ndinatsika siteji imodzi ndisanafike, n'kuyenda wapansi mtunda wotsalawo.