Mikangano Imene Amalume Anafufuta

Kwathu kuno, pa zilumba zoyandama m'mitambo, aliyense amatha kubweza nthawi ndi ola limodzi. Olalo limakalambitsa wobweza yekhayo, enafe sitikumbuka kanthu. Anthu anzeru amabweza mwana akaterereka m'mphepete mwa chilumba.

Amalume anga, omanga milatho ya zingwe, anandiululira okha kuti ankabweza akagonja pokangana ndi akazi awo. Ikavuta nkhani ya mchere, ankabweza. Ya amene wasiya chitseko pululu anaibweza kasanu, n'kugonja kasanu konse, kachisanu ndi chimodzi anangotseka pakamwa.

Pofika zaka makumi anayi, mutu unali mbuu ndi imvi, mano atatha, akazi awo akadali ngati mtsikana.

Pamaliro mayiwo analira ndi mtima wonse: "Amuna anga anali ofatsa inu! Sitinakanganepo n'kamodzi komwe!"