Chingwe Chachiwiri

Abambo anga anthu amawadziwa ndi dzina loti a Fyuzi. Mukafunsa dzina lawo lenileni mumsewu wathu uja, anthu angokuyang'anani ngati mwasokera. Dzinali linabwera chifukwa munthu aliyense wobwera ndi wailesi yakufa, asanaitule n'komwe, iwo ankayamba kale kunena kuti, "Musadandaule, mwina ndi fyuzi chabe." Kawirikawiri sinkakhala fyuzi. Koma mwini wailesi ankabwerera mtima uli m'malo.

Shopu yawo ndi kachipinda kamodzi, pakati pa ometa tsitsi ndi ogulitsa penti. Muli benchi ya mabala okhaokha a chitsulo chowotcherera waya, zitini za masikulu, ndi fungo lomwe limakhala m'malaya mwawo ngakhale muchape kangati. Ali ndi lamulo limodzi lomwe sanaliphwanyepo chiyambire ntchito. Akachotsa kachitsulo kakufa m'wailesi, satayanso okha ayi. Amakaika mu envulopu n'kupereka kwa mwini wake. "Chakufa chanu ichi," amatero, "mukataye nokha." Ena amaseka, ena amadabwa, koma palibe anatulukamo osalandira envulopu yake.

Ndili ndi zaka zisanu ndi ziwiri, kasitomala wina anabweretsa chiwailesi chachikulu chothyoka mwendo, ndipo m'malo mwa mwendowo ankachirikiza ndi buku. Abambo atakonza mwendo, mwini wake anati bukulo alitaye. A Fyuzi ataye chinthu? Anabwera nalo kunyumba.

Linalibe chikuto, masamba oyamba kunalibe, kumapeto nako kunali kothothoka. Dzina lake sitinalidziwe, wolemba sitinamudziwe. Amayi analitcha Buku Lopanda Mchira. Linkasimba za chombo chachikulu ngati tawuni, choyenda pakati pa nyenyezi zaka mazanamazana, anthu kubadwira momwemo, kukwatirana momwemo, kufera momwemo. Mpweya ndi madzi zinkayendetsedwa ndi kompyuta. Tsiku lina chitsulo china chinawonongeka kunja kwa chombocho, mpweya n'kuyamba kutha. Mayi wina, mmisiri wa makina, anadzimanga chingwe m'chiuno n'kutuluka kukakonza. Tsamba lomaliza, la 212, linkathera pa mawu oti, "Chingwe chinagwedezeka kamodzi, kenako". Basi. Kenako chiyani? Kunalibe.

Abambo anadwala nalo bukuli. Sabata yathunthu ankangodziwotcha zala pa ntchito, tiyi kumuiwala mpaka kuzizira. Amayi anali telala, ndipo pakamwa pawo panali pakuthwa kuposa sizasi yawo. Atatopa nazo anati, "Inu a Fyuzi, tsiku lonse mumakonza za eni. Chakukanikani n'chiyani kukonza bukuli?"

M'mawa mwake abambo anagula kope la ana asukulu.

Lamlungu masana anatisonkhanitsa pabalaza, ine, achimwene ndi amayi, n'kuyamba kuwerenga zomwe analemba. Anati mayi uja anakonza chitsulo chija, nayamba kudzikoka pa chingwe kubwerera ku khomo.

"Imani kaye," anatero amayi, maso ali pa siketi yomwe ankapinda. "Zingwe zingati?"

"Chimodzi, mayi a ana. M'bukumu akuti chingwe."

"Mkazi wanzeru chotero atuluke kunja kwa chinthu chouluka ndi chingwe chimodzi? Ine batani lenilenili ndimasoka ndi ulusi wopinda pawiri. Mupatseni chachiwiri."

Abambo anafufuta. Analemba kuti chingwe choyamba chinaduka, anthu m'chombo n'kuyamba kulira, koma mayiyo anali atamangirira china chaching'ono kumsana osauza munthu. Analowa, navula chisoti, n'kuwakalipira onse chifukwa chosaika madzi a tiyi pamoto. Amayi anagwedeza mutu nati, "Eya, ameneyo ndiye mkazi."

Kuyambira pamenepo, Lamlungu lililonse masana linali la chombo. Amayi ankafunsa, abambo ankavutika. Anthu zikwi zitatu amayanika kuti zovala? Akafa amaikidwa kuti, poti kulibe dothi? Mwana akatukwana wamkulu amamutani? Funso lililonse linkabala masamba. Abambo anajambula mapu a chombo chonse, makonde, minda ya m'magalasi, mapaipi, ngakhale mayendedwe a mawaya, ndipo ankalumbira kuti wodziwa ntchito akawatsatira magetsi ayaka. Kompyuta ya m'chombomo anaipatsa khalidwe la landilodi wathu, losalola munthu kusamba kawiri pa tsiku. Ine ndi achimwene tinkasewera pa mapuwo ndi zitsekerero za mabotolo ndi dayisi, wofika msanga kumene kuli mpweya ndiye wopambana. Achimwene ankabera, ndipo mpaka lero amakana. Makope akakwana asanu, amayi ankawasoka pamodzi ndi ulusi wopinda pawiri.

Ndisaname, nditakula pang'ono ndinkachita manyazi. Abambo a anzanga ankakamba za mpira, anga ankafunsa alendo ngati akuganiza kuti nkhuku ingaikire mazira kumalo kopanda kulemera. Ndinkathawira kukhitchini. Koma chitseko ndinkachisiya chotsegula pang'ono.

Amayi atadwala, abambo ankatseka shopu masana n'kupita kuchipatala, kope lili m'thumba la jekete. Ankawerenga pambali pa bedi, ndipo azimayi a mabedi oyandikana ankakwiya nesi akabwera kudzanena kuti nthawi yatha. Tsiku lina ndinalipo. Amayi anawagwira dzanja nati, "Ine ndikupita, a Fyuzi. Koma mkazi uja musamuphe. Mwamva?"

"Ndamva, mayi a ana."

Papita zaka khumi ndi chimodzi chimwalirire amayi. Abambo sanadumphepo Lamlungu. Mayi wa m'chombo uja anakalamba m'makope mwawo, bondo lamanzere linayamba kumuvuta, magalasi anayamba kuwamangirira kachingwe m'khosi, ndipo akakwiya ankati, "Nzeru munasiya kuti?" Tonse tinkadziwa yemwe ankayankhula chotero.

Tsopano tifike pa uchitsiru wanga.

Ine ndimagwira ntchito pa kompyuta mu ofesi, ndipo anthu ogwira ntchito pa kompyuta tili ndi matenda amodzi: sitipirira funso lopanda yankho. Abambo ankakwanitsa zaka makumi asanu ndi awiri, maso awo anali atayamba kuchita ng'ala, kulemba kwawo kukutsetsereka pa mizere. Ndinafuna kuwapatsa mphatso yoti achimwene, omwe chaka chilichonse amagula masokosi, achite manyazi. Ndinajambula tsamba limodzi la Buku Lopanda Mchira pa foni, n'kulemba chiganizo chimodzi pa intaneti. Sipanathe mphindi. Buku lomwe abambo analifunsa kwa ogulitsa mabuku akale onse kwa zaka makumi atatu linali pamaso panga, chikuto, dzina, wolemba, zonse. Ndinaliitanitsa.

Nditawauza achimwene pa foni, anati, "Mlongo, wawerenga kumapeto kwake?"

"Ayi, ndikufuna tidzamvere limodzi."

"Werenga kaye."

"Nsanje basi, a masokosi inu," ndinatero, n'kudula foni. Akuluakulu anati wosamva anamva nkhwangwa ili m'mutu, ndipo ankanena ine.

Lamlungu masana ndinawapeza ku shopu, poti masiku ano amalembera kumeneko, akuti kunyumba kwachuluka zii. Ndinaika bukulo m'manja mwawo. Analisisita, nalinunkhiza, n'kuliyandikitsa kumaso. Atazindikira, anatembenukira kwa ine. "Mwana iwe! Walitenga kuti?" Ndinamva kukoma, ndikuvomera, ndinadzimva ngati mwana yekhayo wanzeru m'banja.

"Tsegula pa 212," anatero. "Maso angawa sangathe. Werenga."

Ndinawerenga mpaka pa chingwe chogwedezeka, n'kutembenuza tsamba. Vuto la kuwerenga mokweza n'loti maso amathamangira kutsogolo, pakamwa pali m'mbuyo. Ndinaona mizere itatu kumunsi. Anthu a m'chombo anakoka chingwe, ndipo chinabwera chopanda munthu.

Ndinayamba kupeka. Ndinati mayi uja anagwira chitsulo cha pakhomo, ndinati anagogoda, ndinati mnzake anatsegula. Sindinafike patali.

"Ima," anatero abambo. "Ukunama."

"Ayi, bambo, ndi momwe alembera."

"Zaka makumi asanu ndakhala ndikumvetsera zinthu zowonongeka, iwe ungandipusitse? Ukamawerenga umapuma. Apa ukuthamanga ngati wakuba. Werenga zomwe zili pa pepala."

Ndinawerenga. Mayi uja anakonzadi chitsulo, mpweya unabwerera, anthu zikwi zitatu anapulumuka. Koma chingwe chinadulidwa ndi chitsulo chakuthwa, iye n'kumatalikira pang'onopang'ono, anzake akumuona pa windo mpaka anasanduka kadontho. Masamba makumi atatu otsalawo anali a maliro opanda mtembo ndi holo yomwe anaitcha dzina lake. Ndinawerenga onse, mamina ali chuchuchu. Abambo sanandidule.

Nditamaliza anati, "Zikomo, mwana wanga. Walemba bwino munthuyu." Anatseka kope lawo lomwe linali pa benchi, cholembera n'kuchiika m'chitini cha masikulu. "Tiye tizipita."

Lamlungu lotsatira sanalembe. Ometa tsitsi ndi omwe anandiimbira foni, akuti mdala wangokhala pa mpando masana onse, wailesi osayatsa, moni akuyankha ndi mutu. Ndinadzida. Ndinalira mu ofesi mpaka abwana anandifunsa ngati kwagwa zovuta, koma ungamuuze bwanji munthu kuti wapha mkazi wa m'buku? Zaka khumi ndi chimodzi abambo anasunga lonjezo lawo, ine n'kuliswa masana amodzi chifukwa chofuna kuposa masokosi. Achimwene sananene kuti ndinakuuza. Bola akananena.

Lachisanu la sabata yachiwiri abambo anaimba okha. "Lamlungu ubwere ku shopu. Ubwere ndi magalasi ako."

Ndinawapeza atayala nsalu yoyera pa benchi, momwe amachitira akamatsegula wailesi ya mtengo wapatali. Pansalupo panali buku latsopano lija, mtolo woyamba wa makope, lezala, singano yaikulu ndi ulusi wa amayi.

"Khala apo. Ndiyankhe bwino. M'masamba aja, pali pomwe atchula chingwe chachiwiri?"

"Palibe, bambo."

"Wayang'anitsitsa?"

"Ndawerenga katatu. Chingwe n'chimodzi."

"Ndinadziwa," anatero, ndipo nkhope yawo inali ija amakhala nayo akapeza pomwe waya wapsa. "Masabata awiri ndakhala ndikufufuza kuti vuto lili pati. Ndimayesa ndine ndinalakwitsa. Wolembayu ndi katswiri, sindikumunyoza, masamba 212 onse akugwira bwinobwino. Koma sanakwatirepo telala. Ndiye kumapeto anaikako chinthu chosalimba."

Anatsegula bukulo, napapasa ndi zala mpaka ndinawauza kuti afika. Maso alibe, koma manja aja sanakalambe. Anayendetsa lezala kamodzi kokha m'mphepete mwa msana wa buku, masamba makumi atatu n'kuchoka osang'ambika ngakhale limodzi. Kenako anandipatsa singano. "Ine bowo sindiliona. Lowetsa ulusi. Upinde pawiri."

Tinasoka mtolo woyamba wa makope kumbuyo kwa bukulo, iwo akuboola, ine ndikukoka. Chinatuluka chinthu chonyansa, chotupa kumbuyo, makope akutulukira kunja kwa chikuto, chosatheka kuima pa shelefu. Abambo anachitembenuza uku ndi uku, nachigwedeza kuti aone ngati chagwira.

Anatsegula dirowa, natulutsa envulopu, n'kupindamo masamba odulidwa aja. Ananyambita, namata, n'kundipatsa ndi manja awiri.

"Chakufa chako ichi. Ukataye wekha."

Ndinaseka, kenako sindinathenso kuseka. Iwo anandisiya ndilire pang'ono, akufufuza m'chitini cha masikulu. Atapeza cholembera chija anachiika m'manja mwanga, nakankhira kwa ine kope la nambala 58.

"Ine mizere sindikuionanso, ndiye kuyambira lero uzilemba ndiwe. Tadumpha Lamlungu limodzi, ndipo uja sakonda kudikira. Lemba kuti anadzuka bondo likumupweteka, napeza kuti anyamata a ku mapaipi asiyanso sipanala pansi."

Ndinalemba.

"Ndiye anati chiyani, bambo?"

Anandiyang'ana ndi maso awo oyera aja ngati ndafunsa zopusa.

"Iwe sukuwadziwa amako? Lemba."