Imfa ya Amalume Kuseri kwa Nyumba

Ndimakumbukirabe kachitini ka mabisiketi kamene amalume anabwera nako atakakupatira m'khwapa. Ine ndinathamangira kukatsegula, malovu atadzaza kale m'kamwa, koma m'katimo ndinapezamo ndevu. Zinali ndevu zomata, zakuda, za imvi, zina zopotana ngati nyanga za nkhosa, pamodzi ndi kabotolo ka guluu wa fungo loyabwa m'maso. Chinali chaka chija cha mliri, ine ndili ku pulaimale. Nyumba zamasewero anali atazitseka, ndiye amalume, achimwene awo a amayi, anadzakhala nafe ku Girrawheen, dera la mumzinda wakunja kumene tinkakhala.

Kale amalume anali woimba opera, masewero aja oimba okhaokha, amene munthu ngakhale amubaye mpeni amayamba waimba kaye asanagwe. Anayambira m'kwaya ya kumudzi, mphunzitsi wina wa nyimbo n'kuwapezera sukulu kunja. Amayi ankati achimwene awo akakweza mawu, magalasi a tchalitchi ankanjenjemera. Koma pamene ine ndinkayamba kuzindikira zinthu, n'kuti atasiya zoimba. Ankachita masewero a pasiteji ndi mafilimu, osati ngati mwini nkhani ayi. Iwo ankakhala mlonda wa pageti, wansembe, dalaivala wa takisi, bambo a mkwati. Ankadzitama kuti anthu potuluka amaiwala mnyamata wokongola mwini nkhani uja, koma amakafika kunyumba akusekabe za mlonda.

Nyumba yathu sinasangalalepo ngati nyengo imeneyo. M'mawa uliwonse pa tebulo pankakhala mlendo watsopano. Lero nkhalamba yogontha yofuna shuga wowonjezera, mawa wapolisi wofufuza amene wamaliza majarini. Tsiku lina tikuphunzira pa kompyuta, amalume anadutsa kumbuyo kwanga atavala ndevu za imvi ndi chitenje cha amayi, akuyenda ngati bishopu. Aphunzitsi anaseka mpaka kuzimitsa kamera.

Koma ntchito inali zii. Bambo wina wa kutchalitchi anawapezera malo konyamula makatoni ku Welshpool, ndipo amalume anavomera, ndevu zija n'kuzikankhira kunsi kwa bedi. Sabata yomweyo kunabwera uthenga wa anthu a filimu. Ankafuna nkhalamba yoimba, yokhala kunyumba yosungirako okalamba, imene idzaimbe nyimbo, mawu n'kuduka, iyo n'kufera pampando. Chifukwa cha mliri, aliyense wofuna malowo ankayenera kudzijambula yekha pa foni n'kutumiza. Akalephera apa, kunali kumakatoni basi.

Amayi atamva anakana kwamtuwagalu.

"M'nyumba mwanga muno munthu safa mwamasewera, achimwene. Amenewo ndi malodza."

"Achemwali, ine ndafapo kangapo konse, koma si uyu ndikudyabe?"

Amayi sanaseke. Nthawi imeneyo ndinkaona ngati akungovuta. Lero ndimawamvetsa. Ankagwira ntchito yosamalira okalamba ku Midland, ndipo akaweruka ankavula nsapato pakhomo n'kulunjika kubafa asanandikhudze. Munthu wotero sungamuuze kuti imfa ndi sewero. Komabe amalume anawanyengerera mpaka anagwirizana kuti kuseri kwa nyumba si m'nyumba.

Tinatulutsa mpando n'kuuika pansi pa chingwe choyanikira zovala, chinsalu choyera cha pabedi n'kukhala khoma. Wogwira foni ndinali ine. Amalume anafa masana onse. Akati afe, galu wa aneba ankauwa. Akati afe, mphepo inkakweza khoma lathu, masokosi a amayi n'kuonekera. Ulendo wina ndevu zinamatuka mbali imodzi n'kumalendewera, iwo ali chifere. Kenako mayi wa nyumba yoyandikana anasuzumira pampanda n'kufunsa ngati aitane ambulansi. Amalume anauka kwa akufa, anawathokoza mwaulemu, n'kufanso. Ine ndinaseka mpaka foni kugwera pa udzu.

Dzuwa litapendeka, mphepo inaleka. Amalume anamatanso ndevu, anakhala tsonga, n'kuyamba nyimbo ya Chitaliyana. Ndinali ndisanawamvepo akuimba. Mawu ake ndinawamva m'chifuwa mwanga, ngati mmene umamvera lole ikamadutsa pafupi. Anakwera pang'onopang'ono, anakweranso, ndipo atangotsala pang'ono kufika pamwamba penipeni, mawu aja anang'ambika, n'kutsala kampweya kosasa. Amalume anagwira pakhosi, anamwetulira ngati munthu wopepesa alendo, mutu n'kugwera paphewa. Ndinaomba m'manja foni ili m'khwapa. Nditacheuka ndinaona amayi ali pawindo la kukhitchini, manja ali thovu lokhalokha, osagwedezeka.

Malo a mu filimu aja anawapeza. Tsiku limene yankho linabwera, amayi omwe aja okana malodza anaphika mpunga ndi nkhuku, anavina pabalaza atamangira nsalu m'chiuno, n'kuimbira foni abale onse a ku Lilongwe kuwauza kuti achimwene akafa mu filimu. Makatoni a ku Welshpool ananyamula ena. Ndinasangalala kwambiri, ndipo ndinkauza aliyense kuti wojambula ndinali ine.

Tikudya, ndinawapempha amalume m'Chingerezi chimene ndinakula nacho kuti tsopano aimbe nyimbo ija bwinobwino, mpaka pamwamba, osachita dala zoduka mawu.

"Mawa, mwanawe," anatero, akundiikira chiwindi m'mbale.

Amayi anandituma kukatsuka mbale ndi mawu akuthwa, chonsecho anthu anali asanamalize kudya. Ndinapita ndikung'ung'udza. M'mawa mwake ndinawakumbutsa, anatinso mawa, ndipo ine ndinkangoti amalume ndi aumbombo ndi nyimbo zawo. Ndinkadziwa kuti ndevu zinali zomata, khoma linali chinsalu, imfa inali yabodza. Sindinkadziwa kuti pamene mawu anadukira paja ndi pomwe anadukira zaka zambiri m'mbuyomo, pamaso pa anthu odzaza holo, ndiponso kuti masana onse aja, malo okhawo ndi amene amalume sankachita sewero.