Tsiku limene ndinathira mchere

Bambo anga anali wophika kundende, masiku aja anthu ankanyongedwa. Kunyumba kwathu kunali lamulo limodzi: osamufunsa munthu kuti, "Mukufuna kudya chiyani?" Ukangoyerekeza, ankakuyang'ana ngati wawatukwana. Ndinadzamva nditakula kuti funso limenelo linali ntchito yawo. Mkaidi amene akanyongedwe mawa lake, bambo ndiwo ankatumidwa kukamufunsa. Akuti ambiri ankapempha nkhuku. Mbale inkabwerera yosakhudzidwa, ndipo bambo anamwalira osalawanso nkhuku.

Ine ndinkaziyesa zachikale, mpaka nditabwera ku Dubai kuno.

Ndinkagwira ntchito ya m'nyumba ku Jumeirah Village Circle, makamaka kusamalira bambo awo a madamu, nkhalamba yodwala impso imene tonse tinkaitchula kuti Baba. Zaka ziwiri ndinawaphikira chakudya chopanda mchere, monga adokotala analamulira. Tsiku lililonse inali nkhondo.

"Habibti, kamchere pang'ono chabe," ankandinyengerera ndi mawu a Chiarabu otanthauza "wapamtima wanga".

"Khalas, basi, Baba, idyani."

Ankati ndine wapolisi. Kuuma mtima sindikana, ndinali nako, koma nkhalamba ija ndinkaikonda.

Tsiku lina masana madamu anabwera kuchokera kuchipatala maso ali psuu, n'kundikokera kukhitchini.

"Adokotala ati palibenso choletsa. Yalla, fulumira, kawafunse chimene akufuna kudya. Koma usawauze kanthu."

Ndinachita mantha. Nditaima pakhomo pa chipinda cha Baba, ndinamva ngati bambo anga aima kumbuyo kwanga atanyamula mbale. Ndinalephera kufunsa. Ndinabwerera kukhitchini ndikudzitama kuti ndachenjera: ndingophika osafunsa, ndiye sadziwa. Nkhuku ndinaipewa dala. Ndinaphika supu wa mphodza amene ankamukonda, n'kuthira mchere wokwanira bwino, woti munthu amve kukoma.

Baba anamwa sipuni imodzi, n'kuima. Anayang'ana mbale, kenaka ine, nthawi yaitali.

"Wathira mchere," anatero motsitsa mawu.

"Dzanja laterereka, Baba."

"Zaka ziwiri dzanja lako silinaterereke." Anaika sipuni pansi mosamala. "Shukran, zikomo, mwana wanga."

Sindinawafunse kanthu, komabe ndine ndinawauza. Zimandipweteka mpaka lero, ndipo ndikagwira botolo la mchere dzanja limayamba ladodoma.

Mbale ija ndinabwerera nayo kukhitchini ili yodzaza, ikadali yotentha.